Wapezeka ndi Mpeni, Koma Ndani Anamuona Akubaya?

Mu 1908 kampani ya Biograph ya ku New York inatulutsa kafilimu kakafupi kotchedwa Falsely Accused! Nthawi imeneyo kanema anali asanayambe kulankhula. Anthu pachinsalu ankangogwedeza milomo, woonera n'kumadzimasulira yekha. Nkhani yake ndi iyi: bambo wina wopanga makina waphedwa m'chipinda chake chogwirira ntchito, ndipo anthu polowa akupeza mwana wake wamkazi ali pambali pa mtembo, mpeni uli m'manja. Palibe amene anaona mtsikanayo akubaya, koma palibenso amene akuona chifukwa chofunsira zambiri. Mlandu ukufika kukhoti, ndipo chomupulumutsa n'chakuti makina ojambulira a bambo ake anali akuzungulira pamene chiwembucho chinkachitika. Filimuyo ataitsuka n'kuionetsa pamaso pa oweruza, wakupha weniweni akuonekera poyera. Nthano yotereyi inabwerezedwa kambirimbiri m'zaka makumi awiri zotsatira, mayina ndi zida zokha n'kumasintha. Ena amaiyesa njira chabe yokokera anthu kuti alipire pakhomo, ndipo mbali ina sakulakwa. Koma pansi pake pali funso limene aneneri, arabi achiyuda ndi akatswiri a malamulo analimbana nalo kalekale: kodi munthu ali ndi mphamvu yoweruza mnzake, mpaka kumuchotsera moyo, pa chinthu chimene iye mwini sanachione? Ine ndikuti mafilimu amenewa anawapeza bwino matendawo, koma mankhwala amene ambiri a iwo anapereka anali abodza.

Kanema wopanda mawu anali ndi chifukwa chake chokondera milandu yotereyi. Loya sakanatha kuyala mfundo zake, mboni sikanatha kufotokoza mwatsatanetsatane, poti mawu olembedwa pachinsalu ankayenera kuchepa kuti anthu awerenge msanga. Choncho zinthu ndizo zinkalankhula: chipewa chotsala pakhomo, kalata yong'ambika, mfuti ili gone pansi. Wopanga filimu ankaonetsa ichi, kenako icho, woonera n'kuzilumikiza yekha m'mutu. Mmenemo ndi mmene umboni wa zizindikiro umagwirira ntchito kukhoti: palibe anaona, koma zinthu zikuloza kwa uje. Georges Méliès wa ku France anazindikira msanga zimenezi. Mu 1899 anajambula timagawo 11 tofotokoza mlandu wa Alfred Dreyfus, kaputeni wachiyuda amene khoti la asilikali linamupeza wolakwa mu Disembala 1894 pa mlandu wogulitsa zinsinsi za dziko kwa Ajeremani. Umboni waukulu unali pepala lotoledwa m'dengu la zinyalala ku ofesi ya kazembe wa Germany, limene ena anati zilembo zake zikufanana ndi za Dreyfus. Kagawo koyamba ka Méliès kakuonetsa tsiku limene anamangidwa: mkulu wa asilikali akumutchulira mawu kuti alembe, maso ali tcheru pa dzanja lake. Mkuluyo anati dzanjalo linanjenjemera. Dreyfus anati zala zake zinazizidwa, popeza unali mmawa wa mu Okutobala. Kunjenjemera kwa zala kunawerengedwa ngati chikumbumtima chikudziulula. Munthuyo anakakhala zaka zoposa zinayi pa chilumba cha Devil's Island, ndipo dzina lake linayeretsedwa mu 1906. Wolemba pepala lija anali msilikali wina, Ferdinand Esterhazy.

Filimu imene inafikitsa nkhaniyi pachimake ndi Intolerance ya D. W. Griffith, ya mu 1916. Muli nkhani zinayi zolukanalukana: kugwa kwa Babulo, moyo ndi imfa ya Yesu, kuphedwa kwa Apulotesitanti ku Paris mu 1572, ndi nkhani ya mnyamata wosauka wa ku America wa masiku amenewo. Mnyamatayo, amene Robert Harron anasewera, anakhalako kale kundende pa mlandu wakuba womunamizira. Tsiku lina akupeza mkulu wa zigawenga ali m'nyumba mwake, akufuna kugwiririra mkazi wake. Akulimbana, mfuti ikulira kuchokera pawindo. Wowombera ndi chibwenzi cha chigawengacho, mkazi wodzazidwa ndi nsanje, amene akuponya mfutiyo m'chipindamo n'kuthawa. Mnyamata uja akuitola. Basi, zatha. Kukhoti zonse zikugwirizana: anali pomwepo, anali ndi chifukwa chodana ndi malemuyo, mfuti inali m'manja mwake, ndiponso ndi munthu woti ndende amaidziwa. Griffith sakutionetsa mtsutso wa maloya nthawi yaitali. Akuyandikitsa kamera pa manja a mkazi wa mnyamatayo, amene Mae Marsh anasewera, zala zikupotana pamiyendo pamene chigamulo chikuperekedwa. Kenako akutitengera ponyongera, pamene anthu atatu aima, aliyense ndi kampeni pamwamba pa chingwe chake, kuti atadula pamodzi pasapezeke wodziwa kuti chingwe chogwetsa thabwa chinali cha yani. Chithunzi chimenechi chokha chikunena zambiri kuposa ulaliki: boma likufuna munthu afe, koma silikufuna kuti aliyense asenze imfayo pamtima. Pamapeto mkazi wowombera uja akuulula, galimoto yampikisano ikuthamangitsana ndi sitima imene bwanamkubwa wakwera, ndipo kalata yachikhululukiro ikufika chingwe chili kale m'khosi.

Tsono tifunse: n'chifukwa chiyani woonera amakwiya ndi oweruza a m'filimuyi? Si chifukwa chakuti ndi opusa kapena olandira ziphuphu. Atapatsidwa zimene anapatsidwazo, ambiri a ife tikanagamula chimodzimodzi. Timakwiya chifukwa ife tinamuona mkazi uja ali pawindo. Kanema watikhazika pampando umene si wa munthu, mpando wa Iye amene amaona za m'chipinda ndi za kuseri kwa khoma nthawi imodzi. Tili pamenepo timadziona anzeru, n'kuiwala kuti tikangotuluka m'holo tibwerera pampando wa oweruza aja, woona mbali imodzi. Chilamulo cha Mose chinamangidwa podziwa kusiyana kumeneku. Buku la Numeri chaputala 35 ndi la Deuteronomo chaputala 17 ndi 19 amaletsa kupha munthu pa umboni wa mboni imodzi, ndipo Deuteronomo amalamula kuti mboni zomwezo ziyambe kuponya mwala, kusiyana kotheratu ndi zingwe zitatu zija zobisa mwini imfa. Arabi achiyuda anapitirira pamenepo. Buku lawo la Talmud limasimba za Shimon ben Shetach, amene anaona munthu akuthamangitsa mnzake mpaka kulowa m'bwinja. Iye atafika anapeza wina akuphupha pansi, winayo lupanga lili m'manja, magazi ali chuchuchu. Mumtima sanakayike. Koma anakana kuti khoti lingaphe munthuyo, chifukwa panalibe mboni ziwiri zoona lupanga likulowa, ndipo anausiya mlanduwo m'manja mwa Mulungu. Ndi chithunzi chomwecho cha Biograph, zaka pafupifupi 2,000 kanema asanabwere.

Buku la Genesis likuonetsa mmene chinyengochi chimalowera, ndipo likutero kawiri pa munthu mmodzi. Abale ake a Yosefe ataviika mkanjo wake m'magazi a mbuzi sanavutike kupeka nkhani yaitali. Anangoupereka kwa Yakobo kuti auzindikire, ndipo nkhalambayo inadzilukira yokha nthano ya chilombo cholusa, n'kulira maliro a mwana wamoyo zaka zambirimbiri. Ku Iguputo chovala china cha Yosefe chinatsala m'manja mwa mkazi wa Potifara, ndipo chinamutsekeretsa m'ndende. Pawiri ponsepa chovalacho chinali chenicheni, chinali chakedi. Chabodza chinali nkhani imene anthu anaiyala pansi pake.

Pali chotsutsa champhamvu, ndipo sichiyenera kupeputsidwa. William Paley, m'busa wa ku England, analemba mu 1785 kuti zizindikiro zambiri zogwirizana n'zodalirika kuposa pakamwa pa mboni, pakuti munthu angathe kunama kapena kuiwala, pamene unyolo wa zizindikiro ngwovuta kuupeka. Apa akunena zoona ndithu. Wakupha saitana anthu kuti adzaonerere. Amasankha mdima ndi malo obisika, ndipo khoti likamadikira mboni ziwiri zoona ndi maso, amasiye ambiri sadzaona chilungamo. Magazi a wophedwa nawonso amalira. Komanso mboni zoona ndi maso si angelo. M'nkhani ya Suzana, yopezeka m'buku la Danieli m'Mabaibulo a Akatolika, mboni zinalipo ziwiri monga lamulo likufunira, akuluakulu olemekezeka, ndipo onse ankanama. Chinawaulula ndi kafunso kakang'ono ka mtengo umene ankati anamuona patsinde pake. Qur'an, mu sura ya Yusuf (Yosefe), imafotokoza kuti wachibale wa mkazi wa Potifara uja analangiza kuti ayang'ane mbali imene malaya ang'ambikira, ndipo poti anang'ambikira kumbuyo zinadziwika kuti Yusuf ankathawa. Chovala chimene m'buku lina chinamumangitsa, m'buku lina chikumuyeretsa. Choncho sindikunena kuti zizindikiro zitayidwe. Kusiyana kuli pa wofunsa. Wina anayang'ana malayawo n'kufunsa kuti, kodi zikanaoneka bwanji munthuyu akanakhala wosalakwa? Wina anayang'ana ali kale ndi yankho. Chimene Paley sanachione n'chakuti zizindikiro sizibwera zokha kukhoti. Zimabwera zitanyamulidwa, zitasankhidwa ndi kuyalidwa ndi munthu, ndipo munthuyo kawirikawiri amakhala atasankha kale wolakwa, makamaka ngati ndi wosauka, mlendo kapena wa mtundu wonyozedwa.

Mlandu wa Charles Stielow ukuonetsa zimenezi popanda kukometsera. Mu Malichi 1915, m'dera lakumudzi la West Shelby m'chigawo cha New York, mlimi wokalamba Charles Phelps ndi wantchito wake wam'nyumba Margaret Wolcott anaphedwa ndi mfuti. Mtembo wa mayiyo unapezeka pakhomo pa Stielow, waganyu wochokera ku Germany, wosadziwa kulemba ndi kuwerenga. Atafunsidwa ngati ali ndi mfuti anakana, koma zinapezeka kuti anaibisa. Bodza limenelo linamuipitsira kwambiri, ngakhale aliyense wodziwa mantha a munthu wosauka pamaso pa apolisi angamvetse chimene anabisira. Atamupanikiza ndi mafunso kunatuluka chikalata chovomera mlandu, chimene iye anakana kusaina. Kenako kunabwera Albert Hamilton, wodzitcha katswiri, amene analumbira kuti zipolopolo zinatuluka mu mfuti ya Stielow. Anamugamula kuti akafe pa mpando wamagetsi ku ndende ya Sing Sing, ndipo ulendo wina lamulo loimitsa linafika kutatsala nthawi yosakwana ola. Lois Weber, mmodzi mwa opanga mafilimu otchuka a nthawiyo, anatenga nkhaniyi n'kupanga The People vs. John Doe, imene inatuluka mu Disembala 1916, mwezi womwewo umene Bwanamkubwa Charles Whitman anasintha chilangocho kukhala ndende moyo wonse. Chaka chotsatira, Charles Waite ndi anzake anaunikanso mfutiyo ndi zipolopolo n'kupeza kuti sizigwirizana m'pang'ono pomwe. Onani bwino apa: chimene chinamumasula Stielow chinalinso umboni wa zizindikiro, mikwingwirima ya pachipolopolo. Chinangofunika ndi nthawi, ndiponso kuti munthuyo akhale akadali moyo. Akuluakulu amati mlandu suola, koma woimbidwa mlandu amaola.

Wina anganene kuti vutoli linali la kale, kuti yankho ndi lomwe Biograph inapereka: kamera, diso losagona ndi losakondera. Chikhulupiriro chimenechi chinali champhamvu m'mafilimu oyambawa. Mu The Evidence of the Film ya kampani ya Thanhouser, ya mu 1913, kamnyamata kotumikira kakumangidwa chifukwa phukusi la zikalata zandalama limene kanatumidwa nalo lapezeka ndi mapepala achabe. Mlongo wake, wogwira ntchito yodula ndi kulumikiza filimu, akuona pa kachidutswa kojambulidwa mumsewu kuti mwini bizinesi ndiye anasinthanitsa maphukusi. N'zokoma kuonera, ndipo nthawi zina chithunzi chimapulumutsadi munthu. Koma opanga mafilimu omwewo ankadziwa bwino kuposa aliyense kuti kamera imaona pamene aiyang'anitsa, ndipo wodula filimu ndiye amapereka tanthauzo. Ku Moscow cha m'ma 1920, Lev Kuleshov anaika nkhope imodzi ya wosewera Ivan Mozzhukhin pambali pa mbale ya msuzi, kenako pambali pa bokosi la maliro. Monga anasimbira Vsevolod Pudovkin, oonera anatama wosewerayo kuti akusintha nkhope mwaluso, pamene chithunzicho chinali chomwecho. Umboni woopsa ndi Griffith mwiniwake. Chaka chimodzi Intolerance isanatuluke, iye anatulutsa The Birth of a Nation, mmene gulu la Ku Klux Klan likugwira munthu wakuda dzina lake Gus, kumuzenga mlandu mwa iwo okha, kumupha n'kukataya mtembo pakhomo, ndipo filimuyo ikufuna kuti woonera aombe m'manja. Luso lomwelo la kulumikiza zithunzi limene linatiliritsa mnyamata wachizungu wosalakwa linakometsa kunyonga munthu wakuda popanda khoti. Mpando wa wodziwa zonse uja, ndiye kuti, sunali wa Mulungu ayi. Unali wa Griffith, ndipo ankatibwereka kuti tione zimene iye wafuna.

Bodza lachiwiri ndi galimoto yothamangitsa sitima ija. Woonera amatuluka mtima uli m'malo, akuganiza kuti dziko lili ndi njira yake yokonzera zolakwa: wolakwa adzaulula, bwanamkubwa adzamva, uthenga udzafika nthawi yake. Mantha amene akanamusintha maganizo amasungunuka m'chimwemwe cha mphindi yomaliza. Oscar Micheaux, wopanga mafilimu wakuda, anakana kupereka chitonthozo chimenechi. Mu Within Our Gates, imene inatuluka mu Januwale 1920, miyezi yochepa chichitikireni zipolowe za mitundu ku Chicago, mlimi wobwereka munda Jasper Landry akupita kukawerengerana ndalama ndi mwini malo, Philip Gridlestone. Ali mkati mokangana, mzungu wina amene Gridlestone anamudyera masuku pamutu akumuwombera. Wantchito wam'nyumba, Efrem, amene ankasuzumira koma sanaone wowombera, akuthamanga kukalengeza kuti ndi Landry. Sikukubwera galimoto, sikukubwera kalata. Landry ndi mkazi wake akunyongedwa ndi khamu limene muli amayi ndi ana, nyuzipepala ikusindikiza bodza ngati choonadi, ndipo Efrem yemweyo akunyongedwa khamulo litatopa kudikira. Micheaux sankapeka zachilendo. Mu 1913 ku Atlanta, Leo Frank, Myuda woyang'anira fakitale ya mapensulo, anagamulidwa kuti aphedwe pa imfa ya Mary Phagan, mtsikana wa zaka 13, mlandu umene akatswiri ambiri a mbiri lero amati sanaupalamule. Pamenepa bwanamkubwa anamvadi: John Slaton anasintha chilangocho mu Juni 1915. Mu Ogasiti anthu anakamutulutsa Frank m'ndende usiku n'kukamupachika pamtengo ku Marietta. Kalata yachifundo inafika nthawi yake, koma khamu linali litamaliza kale kuluka nkhani yake.

Paley anali ndi yankho lina, ndipo ndi lomwe anthu ambiri amaliganiza chamumtima ngakhale sanamumvepo. Anati munthu wosalakwa akafa chifukwa khoti lalakwitsa, tingamuone ngati wafera dziko lake, popeza malamulo amene amupha ndi omwewo amene amateteza onse. Woweruza William Blackstone, zaka pafupifupi makumi awiri m'mbuyo mwake, anali atanena zosiyana, kuti ndi bwino olakwa khumi apulumuke kusiyana ndi kuti wosalakwa mmodzi avutike, mzimu womwewo wa Abrahamu pamene ankachonderera Sodomu chifukwa cha olungama ochepa. Pakati pa awiriwa ine ndili kwa Blackstone, ndipo si chifukwa cha kufewa mtima. Msilikali wofera dziko amaikidwa m'manda mwaulemu, ana ake n'kumayenda mutu uli m'mwamba. Wonyongedwa molakwika amafa ndi dzina la chigawenga, ana ake n'kulowa manyaziwo ngati chuma chamasiye. Komanso imfa yake siteteza aliyense, chifukwa tsiku limene iye wanyongedwa ndilo tsiku limene wakupha weniweni amagona tulo tabwino, fayilo itatsekedwa. Esterhazy anakafera ku England mu 1923 ali mfulu. Ndipo wokhulupirira aliyense ayenera kudzidzimuka akamva mfundo yakuti n'kwabwino munthu mmodzi afe kuti mtundu ukhale pamtendere, pakuti mu Uthenga Wabwino wa Yohane, chaputala 11, woinena ndi Kayafa. Sizinangochitika mwangozi kuti Griffith, ngakhale anali ndi khungu lake loopsa, analumikiza ulendo wa mnyamata wopita ponyongera ndi ulendo wa ku Gologota.

Kuweruza sitingakuthawe. Mudzi wopanda bwalo umasanduka wa khamu lija la Micheaux, ndipo bwalo lililonse liyenera kuwerenga zizindikiro, poti nthawi zambiri ndizo zokha zilipo. Koma woweruza amene akudziwa kuti sanali pawindo, kuti mfundo zamufika kudzera m'manja mwa anthu a mantha awo ndi tsankho lawo, ayenera kupereka chilango chimene chingathe kubwezedwa mawa choonadi chikatulukira. Chitseko cha ndende chimatseguka, chipukutamisozi chimaperekedwa ngakhale chisakwane. Chingwe ndi mpando wamagetsi zilibe apilo. Boma lopha pa umboni wa zizindikiro likudzitengera chitsimikizo chimene ndi Mulungu yekha ali nacho, ndipo zingwe zitatu zija zikusonyeza kuti boma lomwelo likudziwa. Dreyfus anabwerera ku usilikali chifukwa France inali itathetsa kale chilango cha imfa pa milandu ya ndale mu 1848. Stielow anakhululukidwa n'kutuluka mu 1918 chifukwa lamulo la jaji linafika asanamumangirire pampando. Mpando umenewo unapitiriza kugwira ntchito ku Sing Sing mpaka mu 1963.